Chaka Chimene Nyulu Anakana Bere

Chingwe chake chinali cha khonje, chakuda ndi thukuta, cha mfundo zitatu. Ndi chimene atsibweni ankakokera nyulu wathu chilimwe chimene ndinali sitandade folo.

Nyuluyo anabadwa mwangozi. Bulu wathu wamkazi anadula chingwe n'kulowa mu esiteti ina kufupi ndi Namitete, kumene kunali hatchi yamphongo. Mwana wake anali wamkazi, wamtali kuposa abulu onse a m'mudzi, ndipo ankakoka yekha ngolo yodzaza fodya. Atsibweni anaona khola lathunthu m'mimba mwake.

Chilimwe chimenecho anamuzunguza. Anamupereka kwa bulu wamphongo wa ku Msundwe, kenaka wa ku Nsaru. Ankabwera madzulo ali mbuu ndi fumbi, nyulu akununkha thukuta la njira, n'kuyamba kuwerenga miyezi. Aphunzitsi athu anawauza poyera kuti mwana wa hatchi ndi bulu sabereka, zili m'buku. Atsibweni anati, "Buku linaonapo khola, aphunzitsi?" Lero ndimadziwa kuti aphunzitsi ankanena zoona. Ndimadziwanso kuti atsibweni sanali munthu wopusa.

Akazi a atsibweni anabwera kwathu mwa chitengwa, ndipo anali atakhala zaka zisanu ndi zitatu osabereka chikwatiwire. Achibale ankafuna abwezedwe kwawo. Zimenezi sindinkazidziwa. Ndinkangomva amayi pachitsime akuti, "Pakhomo paja chumba chapeza mnzake," anzawo n'kuseka. Ine ndinkasekanso, poganiza kuti chumba ndi dzina la nyulu.

Mvula ili pafupi, munthu wina wa ku Kabudula anabwera kudzagula nyuluyo. Amayi analankhula mokweza, azilamu awo akupeta mtedza pakhonde pomwepo.

"Achimwene, ntchito agwiradi, sitikukana. Koma chosabereka mukuchisungiranji?"

Lichero linaleka kulira. Atsibweni anapitiriza kukanda nyulu pakhosi, osacheuka.

"Analakwa chiyani? Ndinamulandira ndine. Adzafera pano."

Wogulayo anakwera njinga yake. Amayi sanalankhule ndi mlongo wawo mpaka tinamaliza kubzala.

Tsiku lomwe kunabwera wogulayo ndinaona akazi a atsibweni akulowa m'khola ndi beseni lodzaza madeya amene tinkasungira nkhumba. Anawathira onse pamaso pa nyulu, n'kuima pamenepo nthawi yaitali, mphumi yawo itatsamira pakhosi pake, mapewa akugwedezeka.

Ine ndinathamanga kukawanenera kwa amayi kuti akuwononga madeya.