Tende ya Mwana Wanga

Bambo anga, a Dhaifallah, anaphunzira kuyenda atagwira mwendo wa ngamila. Mayi awo anamwalira powabereka, ndiye anakulira mkaka wa ngamila, ndipo mpaka imvi mbuu ankati m'dziko lonse la Najd mulibe dokotala woposa mbale ya mkaka wa thovu, wongokama kumene. Nyumba tinali nayo m'tauni, yabwino ndithu, koma iwo ankaitenga ngati malo osambirako Lachisanu. Masiku ena onse ankakhala kuchipululu, m'tenti, ndi ngamila zawo makumi atatu. Iliyonse inali ndi dzina. Ife ana awo ankatisokoneza mayina, koma ngamila sanazisokonezepo.

Moni wawo unali wa mphuno, monga amachitira amuna akwathu: mphuno pa mphuno, katatu. Vuto linali loti ankaupereka kwa onse, anthu ndi ziweto zomwe. Nyengo yozizira ikamatha, tiana ta ngamila tikayamba mamina, ankasinja masamba n'kutipaka m'mphuno ndi chala, uku akutiimbira. Dzanja lomwelo ankangolipukutira pa mkanjo n'kuthirira alendo khofi.

Chaka chimene ndinali woyembekezera kunabwera korona wina, wochokera ku ngamila. Wailesi inkati kachilomboka kamakhala m'mphuno mwa ngamila, makamaka tiana, ngamilayo n'kumangodya bwinobwino, koma kakalowa mwa munthu kamawononga mapapo. Bambo anaseka mpaka misozi.

"Zaka makumi asanu ndi awiri ndikupsompsona ngamila, lero ndiye zindiphe? Akuzinamizira poti sizingadziyankhire."

Mchimwene wanga Turki atawagulira zophimba kumphuno, anaveka chimodzi ngamila yawo ya pamtima, Shaala, n'kutitumizira chithunzi.

Kenako anadwala a Shabib, mnzawo wa kumsika wa ngamila, munthu wa thupi, woti thumba la balere ankalinyamula ndi dzanja limodzi. Anayamba ndi kachifuwa chabe. Patatha masiku khumi ndi awiri tinamva za maliro, ndipo mwana wawo amene ankawadikirira kuchipatala nayenso anali pa makina opumira. Kuyambira pamenepo munthu akangotsokomola pafupi nane, ndinkachokapo msanga.

Kwathu mwana akabadwa, munthu wamkulu amatafuna tende, chipatso cha kanjedza, mpaka itafewa, n'kupaka pang'ono m'kamwa mwa khandalo ndi chala, kuti liyambe moyo ndi kukoma komanso madalitso. M'banja mwathu ntchito imeneyi inali ya Bambo. Anatichitira ine ndi Turki, anachitira zidzukulu zonse khumi ndi chimodzi, ndipo ankadzitama kuti n'chifukwa chake palibe anakula wamwano. Mwana wangayu ndinamudikira zaka zisanu ndi zinayi. Mimba ziwiri zinapita padera.

Ndinachira Lachiwiri, mwana wamwamuna. Lachinayi m'mawa, ndili kunyumba kwa Mayi, Bambo anaimba foni kuti akubwera, tende asankha kale. Ali m'kati molankhula anatsokomola kawiri, chifuwa chouma.

"Mwadwala, Bambo?"

"Ndi fumbi, mwana wanga. Tiana ta ngamila titatu tili ndi chimfine, ndakhala ndili kukhola sabata yonse."

Ndinapempha Mayi kuti awaletse. Mayi anati pa zaka makumi anayi za banja sanawaletsepo kanthu n'kumvera. Mwamuna wanga Hamad anangoyang'ana pansi: mkamwini angauze bwanji apongozi ake kuti malovu awo ndi oopsa? Turki anazimitsa foni. Amuna olimba mtima onsewa anasiyira ine, munthu woti ngakhale kuyenda ndinkachita kugwira khoma.

Anafika dzuwa lili pamutu. Ndinamva galimoto, kenako ndodo yawo pakhonde, kenako chifuwa chija. Ndinakumbatira mwana mpaka analira. Bambo anaima pakhomo la chipinda atavala mkanjo wochapa, maso ali psuu, thukuta likuyenderera m'ndevu ngakhale m'nyumbamo munkazizira. Tende inali kale m'kamwa, akuitafuna pang'onopang'ono, akumwetulira.

"Bwera naye kuno, Jawza, ndione ngati mphunoyo ndi yakwathu."

Ndinali nditakonza mawu ambiri aulemu. Onse anathawa. Ndinangotembenukira kukhoma, mwana ali pachifuwa, n'kuwapatsa msana bambo anga ondibereka. Chibadwire ndinali ndisanachitepo zoterezi.

Bambo anasiya kutafuna.

"Ukundiopa, mwana wanga?"

"Ndikuopa, Bambo. Ndikuopa kwambiri."

Ndinadikira kuti akalipe, poti mkwiyo wawo tonse tinkaudziwa. M'malo mwake ndinawamva akumeza tende ija. Anabwerera, ndodo ikugogoda pansi, mpaka pabwalo. Hamad anawathamangira kuti akawapatse moni, koma iwo anakweza ndodo n'kumuimitsa patali, munthu amene sankadutsa ngakhale ngamila ya eni osaigunda mphuno.

"Ima pomwepo, mkamwini. Katenge tende ya m'nyumbamo, zanga usakhudze. Usambe m'manja, utafune ndiwe. Usapupulume ngati ukudya wekha, iyambe yafewa."

Ndinawamva kudzera pazenera, kenako galimoto inalira.

Loweruka Turki anawapeza m'tenti akupuma movutikira, n'kuthamangira nawo kuchipatala. Madokotala anawapeza nako kachilomboka. Ife tonse anatiuza kuti tisatuluke m'nyumba milungu iwiri, ndipo milungu iwiri imeneyo dzanja langa silinkachoka pachipumi pa mwana. Akayetsemula, ndinkamvetsera kapumidwe kake. Palibe anadwala, ngakhale Turki.

Bambo anagona kuseri kwa galasi masiku khumi ndi asanu ndi limodzi, popanda wachibale wowakhudza. Asanawaike pa makina, namwino anawaonetsa chithunzi cha mwana pa foni. Akuti anaiyandikitsa kumaso, n'kuigunda ndi mphuno katatu. Pa makinapo sanadzukenso.

Mwanayo tinamutcha Dhaifallah. Pa zidzukulu zonse khumi ndi ziwiri, ndi yekhayo amene agogo ake sanamunyamulepo, ndipo wokana ndinali ine. Ndikamuona akuthamanga pabwalo, mapapo ake ali bwinobwino, ndimadziwa kuti zitabwereranso ndingachite zomwezo. Chimandipweteka n'choti sindinacheuke. Bambo anandiona komaliza nditawapatsa msana.