Munthu Amene Ankasunga Manda M'mutu

Alfonsi Njobvu ndinakula naye. Nyumba ya amai ake ndi ya amai anga zinayang'anizana, m'mudzi mwathu kuno ku Kasenengwa. Tinabadwa chaka chimodzi, tauni isanayambe kutchedwa Chipata. Zimene ndikulemba pano ndinaziona ndi maso anga.

Anachedwa kulankhula. Anafika zaka zinayi akungoloza ndi chala, ndipo akuluakulu anali atagamula kale kuti mutu wa mwanayo sudzakhwima. Ine ndinkamubera mtedza. Amai ake akatigawira mofanana, ndinkatapako wake, wotsalawo n'kumumwazira pamphasa kuti utenge malo aakulu. Iye ankayang'ana mtedza womwazikawo n'kusekerera, poganiza kuti wachuluka kuposa mulu wanga. Ndinamudyera choncho masika awiri. Masika achitatu, tili ndi zaka zisanu ndi ziwiri, anandigwira dzanja. Anandandalika mtedza wake pafupi ndi wanga, umodzi apa umodzi apo, mpaka wake unatha wanga udakalipo. Sanandimenye. Anangondiyang'ana. Palibe amene anamuphunzitsa zimenezo. Zinangotseguka zokha nthawi yake itakwana.

Kusukulu ya amishoni zilembo zinamukana, ndipo analekera Sitandade 2. Koma malo ankawadziwa. Tsiku lina m'nyengo yozizira tikuweta ng'ombe kuphiri, nkhungu inatsika mpaka sitinkaonana. Ine ndinayamba kulira. Iye anandigwira malaya n'kunena kuti, "Kutsogoloku kuli mwala wong'ambika. Tikaupitirira tipeza muwanga wopsa mbali imodzi." Mwalawo tinaupeza, muwanganso tinaupeza. Njirayo anali atadutsamo kamodzi kokha.

Atayamba kumera ndevu anayamba kufunsa zifukwa za zinthu. Tikukumba dzenje la chimbudzi, anakhala pansi n'kumaona dothi: lakuda pamwamba, lofiira pansi pake, lamiyala pansi penipeni. Anati dothi likakumbidwa kamodzi silibwereranso mmene linalili, ngakhale patapita zaka zingati. Ife tinamuseka. Amene sanaseke ndi a Boaz, mkulu wa adzukulu, anthu okumba manda m'mudzi mwathu.

Manda athu ali m'nkhalango, kuseri kwa dambo. Ziliza zasimenti n'zowerengeka. Anthu ambiri timawaimikira mtanda wamtengo. Chiswe chimaudya, moto wam'tchire umatsiriza, mtumbira umatitimira, udzu n'kumera. Zikatha zaka khumi palibe chizindikiro. Choncho pamafunika munthu mmodzi wodziwa pamene pagona munthu ndi pamene pali pabwino kukumba, chifukwa kufukula munthu amene anagona kale ndi tsoka limene mudzi suliiwala. A Boaz anamuyendetsa Alfonsi m'nkhalangomo chaka chathunthu, akumutchulira mayina. Atamwalira iwo, ntchito inatsala ndi iye.

Anaigwira zaka zoposa makumi anayi. Maliro akachitika, adzukulu sankagwira khasu iye asanafike. Ankaima pamtengo wa msuku umene uli pakati pa manda, n'kuyang'ana kuchulu, kenaka n'kuyenda molunjika kukajambula pansi ndi bango loyezera mtembo. Ali mnyamata ankangoloweza malo. Atakula anawonjezerapo nzeru ina: ankadziwa banja limene liyenera kugona mbali iti, ndiponso anthu amene anafa asakulankhulana, oti sangayandikizidwe popanda amoyo kukhumudwa. Aphunzitsi ndi makalaliki a ku Chipata akabwera kudzamanga chiliza cha makolo awo, ankamuvulira chipewa munthu wosadziwa kulemba dzina lake.

Anakwatira Felesita, mkazi woseka kwambiri, ndipo anabereka ana atatu. Amene anakula ndi mmodzi, Monika, yemwe amagulitsa zitenje pamsika wa Kapata, ku Chipata. Felesita anamwalira mu 2012. Malo ake anasankha ndi Alfonsi yemwe.

Kusintha kunayamba pang'onopang'ono. Poyamba anali mayina a anthu amoyo. Ankakuyang'ana nthawi yaitali, milomo ikugwedera, kenaka n'kukuitana dzina la atate ako. Tonse okalamba timatero, ndiye sindinadandaule. Mayina a akufa akale ankawatchula mosadodoma, ngakhale a anthu amene anaikidwa ife tisanabadwe. Kenaka anayamba kufunsa chinthu chimodzi katatu. Chaka china anabzala mtedza kawiri m'mizere yomweyo. Tsiku lina ndinamupeza atakhala pakhonde, atavala jekete la kutchalitchi Lachitatu.

"Ukudikira ndani, Alfonsi?"

"Felesita. Wapita kuchigayo, wachedwa."

Mawa lake anali bwinobwino, ndipo tinakambirana za mvula.

Kenaka amayi otola nkhuni anayamba kumuona kumanda m'mawa, popanda maliro, atakhala pansi akulankhula yekha. Mwezi womwewo mwana wina anamwalira ndi malungo. Palibe amene ananena chilichonse poyera. Koma ndinaona kuti ana sakudutsanso pabwalo pake, ndipo mayi amene ankamutungira madzi analeka. Chaka cham'mbuyo mwake, m'mudzi wina kutsidya kwa mtsinje, anthu anatentha nyumba ya mayi wina wokalamba amene ankayenda akutchula mayina a akufa. Anati ndi mfiti. Mayiyo anapulumuka ndi zilonda zamoto. Nkhaniyo tonse tinkaidziwa.

Alfonsi ndinamuuza kuti aleke kupita kumanda yekha. Anavomera. Mawa lake anapitanso.

Mu Ogasiti chaka chatha anamwalira a Gerson, mphunzitsi wopuma ntchito. Ana awo anabwera ndi magalimoto kuchokera ku Chipata. Adzukulu analawirira kukakumba, ndipo mtsogoleri wawo, Andireya, bambo wa zaka makumi anayi, anadutsira kwa Alfonsi monga mwa nthawi zonse. Manong'onong'o anali atawamva, koma panalibe wina woti aloze malo.

Ine miyendo inandichedwetsa. Pamene ndinkafika dzuwa linali litakwera, ndipo dzenje linali litafika m'chiuno. Adzukulu pamaliro amaseka, ndi mwambo wawo, ndipo tsikulo ankaseka kwambiri.

"Aphunzitsi anali munthu wabwino, taonani dothi lake kufewa ngati ufa!"

"Wabwino kwa iwe. Ine anandikwapula mpaka ndinathawa sukulu."

"Ndiye kumba kwambiri, angatuluke adzakufunse masamu."

"A Njobvu, mwatisankhira pabwino lero," anatero Andireya ali m'dzenjemo. "Piki sitinaigwire n'komwe. Mukadzafa inu tidzakukumbirani pamwala, mudzaone mmene timavutikira."

Alfonsi anali chilili pambali, atatsamira bango lake, akumwetulira.

Ndinayang'ana msuku. Ndinayang'ana chulu. Malowo ndinkawadziwa, kapena ndinkaganiza kuti ndikuwadziwa. Koma panali patapita zaka khumi ndi ziwiri, mitengo inali itakula, ndipo mutu wanganso si wa kale. Sabata yomweyo ndinali nditafunafuna magalasi anga ali pamphuno. Ndikanalankhula n'kupezeka kuti ndalakwa, ndikanamuchotsera ulemu wotsiriza umene anali nawo, pamaso pa anthu amene ankangodikira chifukwa. Ndikanakhala chete n'kupezeka kuti sindinalakwe, fosholo ikanagunda thabwa. Ndinaima pamenepo, mafosholo akuponya dothi.

Dothi lina linagwera pamapazi a Alfonsi. Anawerama n'kulitapa. Analifikisa ndi zala, n'kulibweretsa pafupi ndi maso. Lofiira ndi lakuda zinali zosakanikirana, ndi timiyala ta pansi penipeni. Kumwetulira kunachoka.

"Lekani."

Sanamumve.

"Ndati lekani! Andireya, tuluka. Pano pali munthu."

Andireya anatuluka msanga, ngati waponda njoka. Anzake anabwerera m'mbuyo. Kuseka kunatha.

"Munthu? Si inu mwajambula pano, madala?"

"Dothi ili linakumbidwapo kale."

"Ndiye ndani wagona pano?"

Alfonsi anayang'ana msuku, n'kuyang'ana chulu. Anatchula amene ali kumanja, mayi amene anaikidwa chaka cha njala. Anatchula amene ali kumanzere. Atafika pa dzenjelo anaima. Zala zake zinali zitadziwa, koma mutu unalibe kanthu.

Ndinayenera kulankhula ine.

"Ndi a Felesita."

Anatembenuka n'kundiyang'ana ngati ndamutukwana.

"Iwe Jonah, wapenga? Felesita ali kuchigayo."

Kenaka wina kumbuyo, sindinamuone nkhope, analankhula motsitsa mawu, koma tonse tinamva.

"Ankafuna timufukulire nyama yake."

Andireya anamukalipira kuti atseke pakamwa. Koma sanayang'anenso Alfonsi. Adzukulu anakwirira dzenjelo mofulumira, katekisiti anaitanidwa kudzapemphera, ndipo a Gerson anawakumbira kunja kwa nkhalango, m'mphepete mwa dambo, pamene aliyense ankadziwa kuti sipanagonepo munthu. Mwambo unachedwa mpaka madzulo. Pamene bokosi linkatsika, nkhaniyo inali itafika kale kwa amayi ophika, ndipo inali itakula. Ena ankati bokosi la Felesita linaoneka lotseguka. Sizoona. Fosholo sinafike pathabwa.

Alfonsi ndinamutengera kwanga. Panjira anandifunsa kuti maliro ndi a ndani. Titafika ndinabwereka foni n'kuimbira Monika.

"Mwanawe, bwera udzatenge atate ako."

"Atate adwala?"

"Sanadwale. Koma usadikire Loweruka."

Anamvetsa. Anafika mawa lake dzuwa lili paliwombo, ndi galimoto yaing'ono ya hayala. Tikulongedza zofunda, anthu anaima patalipatali, pansi pa mitengo ya mango, manja ali kumbuyo. Anthu amene Alfonsi anaika makolo awo onse. Palibe amene anayandikira kudzatsanzikana naye. Pakhomo la nyumba yake tinapeza wina atasiyapo mtolo wa udzu wouma ndi bokosi la machesi. Monika anazikankhira kumbali ndi phazi, atate ake asanaone.

Alfonsi anakana kukwera. Anati sangachoke mkazi wake asanabwere, adzapeza nyumba yotseka.

"Atate, amai atsogola kale," anatero Monika. "Tiyeni."

Anakwera.

Patapita masiku anayi denga la nyumba yake linapsa, masana, anthu ali kumadimba. Palibe amene anaona woyatsa.

Ndinapita kukamuona mu Novembala. Monika amakhala m'nyumba ya zipinda ziwiri ku Kapata, mumpanda wa njerwa umene muli mabanja anayi. Akamapita kumsika amakhoma geti. Dokotala wakuchipatala anamuuza kuti ndi matenda a ukalamba, oti ubongo umafota kuyambira ndi zinthu zatsopano, zakale n'kutsalira, ndipo mankhwala ochiritsa palibe. Monika anasunga pepalalo m'chikwama chake, kuti aonetse aliyense wofunsa.

Alfonsi sanandizindikire, koma anandilandira mwaulemu. Anali ataonda. Anandigwira mkono n'kundiyendetsa pabwalo lasimenti, kuchokera pampopi kukafika pachingwe choyanikira zovala, akuloza pansi ndi ndodo ya tsache.

"Apa musakumbe. Apanso musakumbe."

Ankatchula mayina mokweza, limodzi limodzi, a anthu a kwathu amene anafa kalekale. Mayi wina amene ankachapa pampopi anasiya kuchapa. Anaitana mwana wake wamkazi amene ankasewera pakhonde, n'kulowa naye m'nyumba. Ndinamva loko akutembenuka.

Monika anandiperekeza mpaka pamsewu pokwerera minibasi. Basi itaima anandigwira dzanja.

"Dzulo mkazi wa mwini nyumba anandifunsa kuti atate anachokera mudzi uti," anatero. "Akuti ali ndi mlamu wake ku Kasenengwa."

"Unamuuza?"

"Anali akudziwa kale. Akuti pofika kumapeto kwa mwezi tikhale titapeza kwina."