Kuyeserera Kulira Maliro a Mngelezi

Ku Etobicoke, dera lina la kutsidya kwa nyanja, ndinkasamalira mkulu wina wa ku Mangalande, amene moyo wawo wonse unathera m'zisudzo. Anayamba ndi kunyamula mkondo kumbuyo kwa anzawo pa siteji, kenaka analowa m'mafilimu, mapeto ake n'kumawongolera ena. Ankadzitama kuti anafa kosawerengeka: kubayidwa, kumwa poizoni, kugwa pa hatchi, anthu n'kumawomba m'manja.

Kulamula sikunawachoke. Ngakhale pobweretsa tiyi ankandibweza pakhomo kuti ndilowenso bwino. Ine mtima wanga ndi wapachala, koma ndinkangoti, "Chabwino, bambo."

Tsiku lina foni inabwera yoti azakhali anga amwalira ku Ntcheu. Ndinadzigwetsa pansi m'khitchini mwawo n'kulira monga timalirira kwathu, motchula ndi mayina omwe. Podzutsa mutu ndinawaona mkulu aja ali pakhomo pa njinga yawo ya olumala, atatong'ola maso.

"Kwanu aliyense amaliridwa chonchi?" anafunsa.

Ndinavomera.

"Mwana wanga adzangonena kuti ndinali munthu wosangalatsa, anthu n'kukadya masangweji. Ndikuopa kupita kuli zii. Udzandilire ndiwe."

Ndinawauza kuti kukonzekera maliro a munthu wamoyo n'kuitana tsoka. Sanamve. Lachinayi lililonse ndikatha kuwamwetsa mankhwala, ankagona chagada pa sofa, manja pachifuwa, ine n'kumayeserera kulira. Koma maliro ake ovuta, abale. Ndisanafike n'pakati pomwe, mtembo unkatsegula diso limodzi.

"Walowa msanga. Dikira m'busa atseke buku, uwerenge mpaka katatu."

Ulendo wina ndinapsa mtima, ndinawauza kuti kwathu wakufa sadzudzula olira. Anaseka mpaka kutsamwa, kenaka anati tibwereze.

Anamwalira nthawi ya chisanu. M'katchalitchi ka ku Hamilton tinalimo owerengeka, aliyense atakhala mwaulemu ngati akudikira basi. Ndinali nditakonzeka kuwerenga mpaka katatu. Koma bokosi litangolowa, ndinaona kuchepa kwake, ndipo zonse tinayeserera zija zinandithawa. Ndinalira zenizeni, chifukwa ndinkawakonda mkulu wovuta uja. M'busa anali asanatsegule n'komwe buku. Mwana wawo anabwera kudzandifunsa monong'ona ngati aitane ambulansi.

Ndinayang'ana bokosi lija, kudikira kuti ndiuzidwe kuti ndalowa msanga. Palibe anandiuza.