Dothi la a Thom ndi Zilumba Ziwiri

Mayi Chiedza anali kasitomala wanga woyamba pamene ndinatsegula tebulo langa pamsika wa Romford. Ndimagulitsa usipa, nyemba, chitenje ndi ufa wa kondowole. Iwo amabwera Loweruka lililonse akaweruka kunyumba yosamalira okalamba, yunifolomu ili mkati mwa jekete, ndipo satenga kanthu asananunkhize.

"Fatsani, usipa uwu unabadwa chaka chiti?"

"Ndi wa dzulodzuloli, mayi."

"Bodza ngati limenelo udzalemera nalo, mwanawe."

Anabadwira papulazi ya fodya pafupi ndi Marondera, ku Zimbabwe. Bambo awo, a Thom, anachoka ku Nyasalande ali mnyamata n'kukakhala khukhi wa mzungu. Ana a kusukulu ankawanyoza kuti ndi a ku Blantyre, koma a Thom ankakana. "Ife ndife a pamadzi. Kwathu ndi ku Likoma." Sanabwerereko. Atadwala anapempha chinthu chimodzi: thupi ligone papulazi, koma dothi la pamanda awo lidzafike kwawo.

Mayi Chiedza anatapa dothilo m'kabotolo ka jamu. Linakwera nawo ndege kubwera ku London, n'kukhala zaka zambiri pamwamba pa kabati, iwo akusambitsa ndi kudyetsa makolo a anthu ena. Mapepala atalongosoka, anasonkhanitsa holide yawo yonse n'kunyamuka.

Ulendowo anandifotokozera kangapo. Anakwera sitima ku Nkhata Bay, nyanja itakwiya. Sitima inaima pa kachilumba kena ka mapiri awiri, timabwato tikutsitsa anthu ndi katundu, koma iwo anali atagona pabenchi, akusanza. Atafika ku Likoma anayenda midzi yonse, kuyambira ku Makulawe mpaka ku Nkhwazi, akufunsa za Thom mwana wa Sekani. Palibe anamudziwa. Mkulu wina anati akayesenso kutsidya, ku Chizumulu. Iwo anayankha kuti bambo anati Likoma, komanso masiku anali atatha. Anakhuthula dothi lonse patsinde pa mlambe, n'kupemphera okha. Anabwerera mtima uli m'malo.

"Abale sindinawapeze, koma bambo ali kwawo," ankatero.

Loweruka lina mwezi wa Okutobala, Mayi Chiedza ali patebulo langa, kunabwera namwino wina, Wezzie, kudzafuna kondowole. Ine, pokonda kulumikiza makasitomala, ndinalumpha ndi chimwemwe.

"Achemwali, akwanu awa! Nonse ndinu a ku Likoma."

Wezzie anawagwira m'manja mwaulemu. "Likoma ndi boma lathu, mayi, koma ine ndine wa ku Chizumulu. Boma ndi limodzi, zilumba ndi ziwiri. Kungoti tikatuluka timangoti Likoma, chifukwa cha tchalitchi chachikulu chija. Ukati Chizumulu anthu amayesa ukutchula matenda."

Mayi Chiedza anaseka. "Bambo anga ndiye anali a Likoma weniweni. Thom, mwana wa Sekani."

Wezzie anasiya kumanga jumbo.

"Thom amene anapita ku Halale? Mlongo wawo wa agogo Anna?"

Dzina la Anna Mayi Chiedza analidziwa. A Thom ankalitchula akamwa.

"Agogo Anna a kwathu ku Same," anatero Wezzie. "Chilumba chonse chinkawadziwa. Sitima ikangolira, iwo ndodo m'manja, kutsetserekera kudoko. Mlendo aliyense wotsika ankamufunsa, ‘Mwachokera ku Halale? Thom munamuona?’ Ife ana tinkawaseka, Mulungu atikhululukire."

"Alipo?"

"Anatisiya chaka chathachi, mayi."

Mayi Chiedza anapita kunyanja zaka zinayi zapitazo. Palibe anachita kunena. Tonse tinaona m'maganizo sitima ija itaima pa Chizumulu, iwo ali pabenchi, botolo lili m'chikwama, gogoyo ali pamchenga akufunsa anthu ena.

Ndinawakokera kreti kuti akhale. Munthu wina ankafunsa mtengo wa nyemba, ndinangomukodola kuti adikire. Mutu wanga unali utathamanga kale. Wezzie ali ndi mchimwene wake woyendetsa boti pakati pa zilumbazo. Akhoza kupita pa mlambe uja, kutapa dothi la pamenepo, n'kukalithira pamanda a agogo Anna. Sizingatenge ndi mlungu womwe. Ndinanena zonsezi mwachangu, ngati ndikugulitsa.

Wezzie anavomera, n'kutulutsa foni. "Mungondiuza, mayi, mlambe wake uti?"

"Waukulu. Pafupi ndi njira."

"Njira yopita kuti?"

Mayi Chiedza anayang'ana kumwamba. "Panali mbuzi."

Wezzie anayankha motsitsa mawu. "Mayi, Likoma yense ndi milambe."

Mayi Chiedza anafufuza zithunzi m'foni mwawo. Munali tchalitchi, doko, chipinda chimene anagona, tchalitchi kachiwiri. Mlambe munalibe. Anati pa nthawi ya pemphero munthu sajambula.

Kenako anafunsa ngati munthu ataima pa Likoma angaone Chizumulu.

"Kukayera, mapiri onse awiri amaoneka bwinobwino," anatero Wezzie.

"Ndiye akuona kwawo koma sangafike. Ngati kale lomwe."

Anadzuka, n'kukonza jekete. Anali ndi shifiti ina masana omwewo, ndipo gogo wina wachizungu sadya akapanda kumudyetsa iwo.

Mayi Chiedza amabwerabe Loweruka. Wezzie anawajambulira zilumbazo kuseri kwa katoni yanga, ndi midzi ya pa Chizumulu, Same mbali iyi, Chiteko mbali inayo, ndipo mayiwo anang'amba chidutswacho n'kupita nacho. Ine ndimanenabe kuti tidzapita limodzi, tidzayenda mlambe ndi mlambe mpaka adzauzindikire. Iwo amangoti, "Iwe ndi mapulani ako." Usipa amagula osanunkhiza. Sabata yatha mayi wina wa ku Zambia anawafunsa kwawo. Iwo anati, "Ndimakhala konkuno ku Romford."