Ndinalandira Mfuti ndi Manja Awiri

A Tembo, mkulu wa mpingo wathu ku Etobicoke, kutsidya kwa nyanja, anandiitana kukayesa mfuti yawo yatsopano kumalo ophunzirira kuwombera. Ndinawanamiza kuti mfuti ndimazidziwa, chonsecho ndinali ndisanaigwirepo.

Anawombera mosalekeza pofuna kuona ngati ipirire, mpaka mpope wake unayamba kufuka utsi. Kenako anandipatsira. Ine, mwana woleredwa bwino, ndinalandira ndi manja awiri, lina pachitsulo chotenthacho. Khungu linanunkha ngati kanyenya, koma ndinangoluma mlomo poopa kuyaluka.

"Yolimbatu iyi, aphwanga," anatero a Tembo. Dzanja langa sanaliyang'ane n'komwe.

Kunyumba ndinauza mayi a ana kuti ndapsa ndi simbi. Chimene chimandinyansa mpaka lero n'chakuti mfuti ija ilibe ngakhale kachipsera.