Tsiku Limene Lilime Langa Linadzuka

Korona atandisiya, lilime langa linatsala lakufa. Kwa miyezi inayi ndinkadya mpunga ngati ndikutafuna pepala, n'kubwerera ku shifiti yaunesi osauza munthu.

Tsiku lina la ofu, ine ndi manesi anzanga a ku Al Thumama, kunja komwe tinkagwira ntchito, tinalembetsa ulendo wokaona chipululu. Dalaivala wathu, bambo wa ku Sudan, anaphwetsako matayala kuti galimoto isatitimire. Titatsetsereka phiri lomaliza la mchenga, ndinaona thamanda lalikulu, lopanda bango, lopanda ndi mtengo umodzi womwe m'mphepete.

Kwathu ukafika pamadzi umasamba kumaso n'kuchukucha m'kamwa. Ndinatsitsa masiki, ndinatunga ndi manja.

"Sisitala, khalasi, lekani, madziwo ndi amchere," anandikuwira dalaivala uja.

Anachedwa. Mchere unandiwotcha mpaka kukhosi. Ndinatsokomola kwambiri moti anzanga anafutukira kutali, poganiza kuti matenda aja abwerera. Ine ndinangoti kakasi, madzi akuchucha m'chibwano, chifukwa mcherewo ndinaumva. Unali wowawa, woipa, koma ndinaumva ndithu.

Ndinawerama n'kutunganso kachiwiri, dalaivala akundiyang'ana ngati ndazungulira mutu.