Tsiku Limene Mayi Keziya Anamwaza Zinyalala

Kumalayini a apolisi pa Mzimba Boma, ukaona utsi m'mamawa umadziwa kuti Mayi Keziya adzuka. Anabwera ndi tsache lawo kuchokera ku Ntcheu amuna awo atasamutsidwa, ndipo chikhulupiriro chawo n'chimodzi: sesa, unjika, yatsa. Akuti anaotchapo masokosi a bambo chifukwa masokosiwo anagona pabwalo. Akuti.

N'chifukwa chake Mayi Nelia, namwino yemwe amatsogolera kwaya ya amayi, mtima sunali m'malo pamene gulu linapita kukagona kuphiri la ku Chikangawa kukapemphera. Unali Okutobala, masamba a paini ali gwaa. A Goodson, mlonda wa nkhalango, anawalola monyinyirika.

"Amama, moto pamwala pokha. Malo muwasiye mmene mwawapezera. Kukapsa kuno, dzina ndikutchula lanu."

Kutacha, a Nelia anapeza a Keziya atasesa kale pamsasa ponse, mulu wa masamba ndi majumbo uli apo, machesi akuonekera pamfundo ya chitenje.

"A Keziya, ndapota."

"Ndamva, anamwino. Tsogolani, ndikupezani."

A Nelia anatsika ndi amayi ena odwala mawondo. A Keziya anafika pamsewu mochedwa, thumba lili pamutu. Minibasi itangonyamuka, wina analoza kumbuyo. Utsi, wakuda bii, pamwamba pa mitengo. Nyimbo inafera pakamwa. Maso onse kwa a Keziya.

"Mwandiona chiyani?"

"Mulu uja, mayi," anatero a Nelia.

A Keziya anamasula thumba: majumbo, zitini, makoko a nthochi, ngakhale phulusa la pamwala lija, lonyowa.

"Nanga masamba?"

"Ndawamwazanso. Si anati tisiye mmene tapezera? Ine, mwana wa mayi anga, kumwaza zinyalala ndi manja angawa. Musakanene kumalayini."

Dalaivala anasuzumira pagalasi. "Uwo ndi utuchi, amama. Ocheka matabwa amaotcha kuseri uko."

A Nelia anapuma ngati atula mtolo wa nkhuni, nayambitsa okha nyimbo, molakwitsa mawu.

Nkhani inafika kumalayini minibasi isanazime. Madzulo ake a Keziya anaoneka akusesa pakhomo pawo kawiri, pofuna kubweza ulemu. A Goodson anatumiza uthenga woti kwaya ija idzabwerenso, yewo chomene, koma tsache litsale.